Kodi kufiira kumapita kuti kunja kukada?

 Ana anga, senderani pafupi. Lero ndabwera ndi funso limene anandifunsa mwana mnzanu, ndipo linandisowetsa tulo.

Unali mwezi wa June, titangomaliza kukumba mtedza kumudzi kwathu, kufupi ndi Kamwendo kuno ku Mchinji. Ndinakhala pamphasa ndi mdzukulu wanga wa Sitandade 5, tikusankha mtedza woswa kale umene unasakanikirana m'lichero. Wina unali CG7, uja wa khungu lofiira piriwiri. Wina unali Chalimbana, wa khungu lotumbululuka. Dzuwa lili m'mwamba ntchito inkayenda msanga: wofiira uku, wotumbululuka uko. Koma litapendekera ku Chipata n'kumira kuseri kwa mapiri, zala za mtsikanayo zinayamba kuzengereza. Ankatola njere, kuyandikiza kumaso, n'kuibwezera m'lichero.

"Agogo, wonse wafanana tsopano," anatero. "Kodi kufiira kuja kwapita kuti?"

Ndinayatsa tochi ya pafoni, ndipo kufiira kunabwerera nthawi yomweyo. Nditazimitsa, kunathawanso.

"Ndiye kufiirako kumakhala kuti, agogo? Mu mtedza kapena mu tochi?"

Funso limeneli si lachibwana ayi. Anthu anzeru a m'maiko ambiri akhala akulimbana nalo kwa zaka mazanamazana. Tiyeni tiliyankhe pang'onopang'ono, pakuti kuona maso a nkhono n'kudekha.

Kumbukirani pamene amayi amaphikira nsima. Poto amakhala pa mafuwa atatu, ndipo mukachotsapo limodzi, poto uja amapendeka, phala n'kukhuthukira m'moto. Mtundu wa chinthu, kaya kufiira, kaya kubiriwira, nawonso umakhala pa mafuwa atatu.

Fuwa loyamba: kuwala

Kuwala kwa dzuwa kumayenda ulendo wa makilomita pafupifupi 150 miliyoni, ndipo kumafika pabwalo panu patangotha mphindi 8 ndi pang'ono. Ife timakuona ngati koyera mbee, koma mkati mwake mwabisala mitundu yambiri.

Amene anaonetsa zimenezi poyera ndi Isaac Newton wa ku England. Cha m'ma 1666, ali mnyamata wa zaka 23, anatseka mazenera a chipinda chake n'kusiya kabowo kamodzi kokha. Kuwala kumene kunalowa pakabowoko anakudutsitsa m'galasi la mbali zitatu lotchedwa pulizimu. Pakhoma panaoneka mkwamba wa mitundu yondondozana, kuyambira kufiira, kudzera ku chikasu ndi kubiriwira, mpaka kumtundu wa mtambo ndi wapepo. Ena ankati galasilo ndi limene likupaka utoto pa kuwalako. Newton anasonkhanitsanso mitundu ija pamodzi, ndipo inabwerera kukhala kuwala koyera. Apa zinadziwika kuti galasi silinawonjezere kanthu. Linangomasula zimene zinali kale m'mtolo. Zonsezi anazilemba m'buku lake lotchedwa Opticks, limene linatuluka mu 1704.

Inu mwaziona kale zimenezi popanda galasi. Mvula ya masana ikamakata, dzuwa n'kusuzumira cha kumadzulo, tembenukirani kum'mawa, cha ku Lilongwe. Mudzaona utawaleza, umene makolo athu anautcha uta wa Leza. Dontho lililonse la mvula limagwira ntchito ya galasi la Newton lija. N'chifukwa chake utawaleza umaoneka dzuwa likakhala kumbuyo kwanu, mvula ili kutsogolo. Chodabwitsa china n'chakuti mnzanu amene waima uko pamphepete pa munda akulandira kuwala kochokera m'madontho ena, osati anu aja. Nonse mukuloza kumwamba n'kumati "taonani utawaleza," chikhalirecho aliyense ali ndi wake.

Fuwa lachiwiri: chinthucho

Kuwala kukagwera pa chinthu, chinthucho chimameza mitundu ina n'kubweza ina. Tsamba la chimanga limameza kwambiri kuwala kofiira ndi kwa mtambo, chifukwa n'kumene limagwiritsa ntchito popanga chakudya, ndipo kobiriwira limakubweza kochuluka. Kumene kwabwezedwako n'kumene kumafika m'maso mwanu. Khungu la CG7 limabweza kwambiri kuwala kofiira. Ufa woyera umabweza pafupifupi mitundu yonse, pomwe khala limameza pafupifupi yonse. Ichi n'chifukwa chake malaya akuda amatentha kwambiri mu October, pakuti kuwala kumene ameza kumasanduka kutentha.

Amayi anu amazidziwa bwino zimenezi ngakhale sanawerenge buku la Newton. Akamagula chitenje m'sitolo, amapempha kuti atuluke nacho panja achione padzuwa. Amadziwa kuti nsalu yomweyo imaoneka mwina pansi pa babu, mwinanso pabwalo. Nsalu sinasinthe, chasintha ndi kuwala kumene ikubweza.

Fuwa lachitatu: woona

Pano ndi pamene nkhani yakoma. Kuwala kumalowa pa kabowo kakuda ka pakati pa diso n'kukagwera pa kansalu kopyapyala ka kuseri kwa diso, kamene madokotala amati retina. Pakansaluko pali timaselo tating'onoting'ono tolandira kuwala. Tiyeni tititche alonda, pakuti ntchito yawo ndi kuona chimene chabwera n'kukanena kwa mfumu.

Alonda ena ndi a masana. Iwowa ndi osongoka ngati denga la nkhokwe, ndipo m'diso limodzi alimo pafupifupi 6 miliyoni. Ali m'magulu atatu: ena amadzidzimuka kwambiri ndi kuwala kwa cha kofiira, ena kwa cha kobiriwira, ena kwa mtambo. Koma alonda amenewa amafuna kuwala kokwanira. Kukayamba mdima amasiya ntchito.

Pamenepo amalowa alonda a usiku. Iwowa ndi owongoka ngati timitengo, ndipo m'diso limodzi alimo pafupifupi 100 miliyoni, kuposa anthu onse a m'Malawi ndi a m'Zambia mutawaphatikiza. Amamva ngakhale kuwala kochepetsetsa, koma sadziwa kusiyanitsa mitundu. Uthenga wawo ndi wakuti "apa pawala, apa pada," basi. Umu ndi mmene kufiira kwa mtedza uja kunathawira. Alonda a masana a mdzukulu wanga anali ataweruka, ndipo amene anatsala pantchito sadziwa kufiira. Tochi itayaka, a masana aja anadzukanso.

Nanga mfumu yolandira uthengayo ndani? Ndi ubongo. Mbali yake imene imalandira za m'maso ili cha kunkhongo. Tsono taganizani: m'chigaza mwanu ndi mumdima bii, simulowa dzuwa. Chimene chimafika kumeneko ndi timauthenga toyenda m'mitsempha. Ubongo umayerekezera zimene magulu atatu aja anena, kuti ili lafuula kwambiri, ili pang'ono, ili lakhala chete, ndipo inu mumangozindikira kuti "phwetekere uyu wapsa." Mmodzi mwa anthu oyamba kuganiza kuti m'diso muyenera kukhala magulu atatu otere, ndi kuzifotokoza momveka, anali dokotala wa ku England, Thomas Young, kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1800.

Ubongo sumangolandira, umalingaliranso. Nthochi yakupsa mumaiona yachikasu m'mawa, masana ndi madzulo omwe, ngakhale kuwala kwa nthawi zimenezi n'kosiyana, chifukwa ubongo umakonza wokha. Nthawi zina maubongo awiri amakonza mosiyana. Mu February 2015, chithunzi cha diresi ina chinakanganitsa anthu pa intaneti dziko lonse lapansi. Ena ankalumbira kuti ndi yoyera ndi yagolide, ena kuti ndi ya mtambo ndi yakuda. Diresi yeniyeniyo inali ya mtambo ndi yakuda. Koma enawo sankanama. Ubongo wawo unaganiza kuti diresiyo ili pamthunzi, n'kukonza mitunduyo molingana ndi ganizo limenelo.

Si maso onse amaona mofanana

Galu wanu ali ndi magulu awiri okha a alonda a masana. Amasiyanitsa chikasu ndi mtambo, koma chofiira ndi chobiriwira kwa iye n'zoyandikana kwambiri. Ng'ombe nayonso ili ndi awiri. Nkhuku ili ndi anayi, kuposa inu ndi ine, ngakhale kuti kukada imaona movutikira, n'chifukwa chake imafulumira kulowa m'khola.

Njuchi ndiye ili ndi dziko lakelake. Karl von Frisch wa ku Austria, cha m'ma 1914, ankaika madzi a shuga pa pepala la mtambo pakati pa mapepala otuwa. Atachotsa shuga uja, njuchi zinkaterabe pa pepala la mtambo lomwelo, kusonyeza kuti zimaonadi mitundu. Pambuyo pake zinadziwika kuti njuchi siziona bwino kufiira, koma zimaona kuwala kwina kwa dzuwa kumene maso a munthu saona n'komwe. Mukadutsa m'munda wa mpendadzuwa, inu mumaona maluwa achikasu. Njuchi imaonapo chizindikiro china chozungulira pakati pa duwa, chimene chimaiitanira pamene pali chakudya. Ndiye duwalo mtundu wake weniweni ndi uti, wanu kapena wa njuchi? Lisungeni funso limeneli, tibwererako.

Ngakhale pakati pa anthu pali kusiyana. John Dalton, mphunzitsi wa ku Manchester ku England, anadabwa ndi duwa lina limene anzake ankati ndi lapinki. Iye masana ankaliona ngati la mtambo, ndipo usiku pakandulo linkasinthiratu. Atafunsa anthu ena, anapeza kuti mchimwene wake yekha ndi amene ankaona ngati iye. Mu 1794 anafotokoza za maso ake pamaso pa anthu ophunzira. Iye ankaganiza kuti madzi a m'diso mwake ndi a mtambo, ndipo anapempha kuti akadzamwalira madokotala adzaone. Anamwalira mu 1844, ndipo dokotala anapeza kuti madziwo anali oyera bwinobwino. Zotsala za maso akewo zinasungidwa, ndipo mu 1995 asayansi atazipima anapeza kuti Dalton anabadwa wopanda gulu limodzi la alonda a masana, lija la kuwala kwa cha kobiriwira.

Anthu otere alipo ambiri. Mwa anthu a ku Europe, mwamuna mmodzi pa 12 aliwonse ndiponso mkazi mmodzi pa 200 amavutika kusiyanitsa chofiira ndi chobiriwira. Kuno ku Africa ndi ocheperapo, koma alipo, ndipo n'kutheka kuti mmodzi ali m'kalasi mwanu momwemo. Ndi zobadwa nazo, zoyenda m'banja, ndipo mwana wamwamuna amatengera kudzera kwa mayi ake. Si ufiti, si ulesi, si kupusa. Mnzanu akamathyola mango osapsa, kapena akapaka masamba a mtengo mtundu wa khofi pojambula, musamuseke. Mufunseni mwaulemu zimene akuona, ndipo muwauze aphunzitsi. Akatswiri a maso ali ndi zithunzi za timadontho tamitundumitundu tobisa manambala, zimene anakonza dokotala wa ku Japan, Shinobu Ishihara, mu 1917, ndipo kupima kwake sikupweteka. Munthu wotere amaphunzira njira zake: bango amalizindikira ndi fungo ndi kufewa, ndipo pa maloboti a mumzinda amadziwa kuti nyali yofiira ndi ya pamwamba, yobiriwira ndi ya pansi.

Funso limene likudikirabe yankho

Pali anthu amene ntchito yawo ndi kufunsa mafunso ozama a moyo, choonadi ndi maganizo. Phunziro lawo limatchedwa filosofi. Si la kutali ayi. Kuno kwathu, ku seminale ya Kachebere kufupi ndi malire a Zambia, imene inatsegulidwa mu 1939, anyamata okonzekera unsembe aphunzira filosofi kwa zaka zambiri.

John Locke wa ku England, m'buku lake la mu 1690, anafunsa funso longa ili. Ine ndi iwe tayang'ana phwetekere, tonse tati "wofiira." Koma bwanji ngati chimene iwe ukuona m'mutu mwako ndi chimene ine ndikanachitcha chobiriwira? Tonse tinaphunzitsidwa mawu omwewo tili ana, ndiye sitingakangane. Ndingadziwe bwanji, poti sindingalowe m'mutu mwako n'kusuzumira pa maso ako?

Mu 1982, Frank Jackson wa ku Australia anapeka nthano yothandiza kuganiza. Mayi wina dzina lake Mary anakulira m'chipinda mmene zonse zinali zoyera, zakuda ndi zotuwa. Anawerenga mabuku onse onena za kuwala, za maso ndi za ubongo, mpaka panalibe chimene sankadziwa. Tsiku lina chitseko chinatseguka, ndipo anaona chinthu chofiira koyamba. Kodi anaphunzira chatsopano? Ambiri amati inde: anadziwa mmene kufiira kumamvekera kwa munthu amene akukuona. Zili ngati kufotokozera mlendo kukoma kwa nkhwani zotendera. Mungalankhule tsiku lonse, koma adzadziwa pokhapokha atalawa.

Asayansi amatha kupima kuwala ndi kuona mbali ya ubongo imene ikugwira ntchito. Koma chifukwa chimene timauthenga ta m'mitsempha timasandukira kufiira kumene inu mukukumva mumtima mukaona dzuwa likulowa, palibe amene wachifotokoza mokhutiritsa onse. Ena amati mtundu uli m'chinthu momwemo. Ena amati uli m'mutu mokha. Ena amati umabadwa zinthu ziwirizi zikakumana pa kuwala, ndipo ine ndili kumbali yawo.

Koma chenjerani, ana anga. Wina angakuuzeni kuti, popeza ubongo ndi umene umatulutsa mitundu, ndiye kuti dziko lonse ndi maloto, aliyense akhoza kukhulupirira zimene akufuna. Zimenezo si zoona. Mtedza uja unali m'lichero ndithu, mdima kapena masana. Bango losapsa limawawasa mkamwa kaya mwaliona lotani. Inu mumaona mbali ina ya mpendadzuwa, njuchi imaona ina, koma duwalo ndi limodzi, ndipo n'lolemera kuposa zimene diso limodzi lingakwanitse kuona.

Mawu athu a mitundu

Tamvetserani mmene agogo anu amalankhulira. Mawu akale enieni a mitundu m'Chichewa ndi atatu: kuyera, kuda ndi kufiira. Ng'ombe ya mtundu wa khofi amati yofiira. Nsalu ya mtambo wakuderako amati yakuda. Mitundu ina timaitchula potengera zinthu: chikasu ndi muzu uja wothira m'ndiwo, mtambo ndi wa kumwamba, ndipo kubiriwira timakuona pa msipu wa dzinja. Mu 1969, Brent Berlin ndi Paul Kay a ku America atayerekezera zilankhulo 98, anapeza kuti chilankhulo chikakhala ndi mawu atatu okha akuluakulu a mitundu, amakhala omwewa: kuyera, kuda ndi kufiira. Sikuti makolo athu sankaona mitundu ina. Ankadziwa bwino lomwe fodya wouma bwino ndi wopserera. Anangomanga mitunduyo m'mitolo itatu ikuluikulu.

Taonaninso liwu lakuti mtundu. Timati mtundu wa nsalu, mtundu wa mbewu, mtundu wa anthu. Mukadzafika pachipata cha Mwami, mudzaone mbendera ziwiri. Yathu ndi yakuda, yofiira ndi yobiriwira, yokhala ndi dzuwa lotuluka. Ya anzathu a ku Zambia ndi yobiriwira, yokhala ndi mizere yofiira, yakuda ndi yaolenji, komanso nkhwazi pamwamba pake. Mwana wa ku Chipata ndi mwana wa ku Mchinji akaloza mzere umodzi, onse adzati "wofiira," ndipo adzamvana.

Yesani nokha

Choyamba: thirani madzi m'beseni, muike kagalasi koonera nkhope mopendeketsa, theka lili m'madzi. Liyang'anitseni kudzuwa la m'mawa, ndipo musunthe pang'onopang'ono mpaka kuwala kugwere pakhoma loyera la pamthunzi. Mudzaona kautawaleza kanu. Musayang'ane dzuwa, ngakhale la m'galasi, ndipo musawalitsire mnzanu m'maso.

Chachiwiri: ikani chitsekerero chofiira cha botolo pa pepala loyera. Chiyang'anitsitseni osasuntha maso, mukuwerenga mpaka 30. Kenako chichotseni msanga, maso ali pomwepo. Mudzaona kabwalo kobiriwira motuwira mtambo, pamalo pamene palibe kanthu. Alonda a kufiira atopa, ndipo kwa kanthawi mawu a anzawo ndi amene akumveka kwambiri.

Chachitatu: usiku wa mwezi wowala, tulukani pakhonde ndi mkulu wanu mutatenga zitenje zitatu zosiyana. Muzisakanize, mudikire kanthawi, ndipo muyese kutchula mitundu yake. Kenako yatsani tochi muone amene analondola.

Mdzukulu wanga uja, usiku umenewo, anamaliza kusankha mtedza pongopapasa, pakuti njere za Chalimbana ndi zokulirapo. M'mawa mwake ndinamupeza atagwada pamphasa, lichero lili patsogolo pake, akudikira kuti kuche. Kum'mawa kutayamba kuyera, mtedza unali wotuwa wonse. Patapita kanthawi anafuula, "Agogo, kwabwera! Kufiira kwabwera!" Kenako anaitana mlongo wake wamng'ono, n'kumuikira njere imodzi m'dzanja.

"Tandiuza," anatero, "iweyo ukuona chiyani?"

Nanunso kafunseni anzanu funso lomwelo, ndipo akamayankha mumvetsere. Paja safunsa anadya phula.